Kwa mayi amene afunsa za mlendo wophunzitsa pa sekondale ya kwawo

Mayi, mwafunsa kuti mtsikana wa ku America amene wabwera kudzaphunzitsa pa sekondale yoyendera ya kwanuko, amene akugona m'nyumba yopanda magetsi, kutunga madzi pamjigo ndi kupereka moni m'Chichewa, watumidwa ndi ndani, akulipidwa ndi ndani, ndiponso ngati zili zoona zimene ena akunong'onezana m'mudzimo zoti anthu otere ndi akazitape. Ine ndaphunzitsa zaka zambiri m'sukulu za kumidzi ndipo ndidagwirapo ntchito ndi mavolontiya awiri, wina wa ku Japan ndi wina wa ku America, choncho ndikuyankhani mofatsa, pakuti nkhaniyi ili ndi mbiri yaitali ndipo Malawi adalowamo koyambirira kwenikweni.

Monga mwafotokozera, ndikukhulupirira kuti mlendo wanuyo wabwera kudzera ku Peace Corps. Ili si bungwe la mpingo kapena la anthu akufuna kwabwino, koma ndi nthambi ya boma la America, ndipo ndalama zake zimavomerezedwa ndi nyumba ya malamulo ya dzikolo. Pa 14 October 1960, John F. Kennedy ali pa kampeni yofuna upulezidenti adafika pa University of Michigan cha m'ma 2 koloko usiku, napeza khamu la ophunzira likumudikirabe, ndipo adawafunsa kuti ndi angati mwa ophunzira udokotala amene angalole kukagwira ntchito ku Ghana. Atalowa m'boma adasayina chikalata chokhazikitsa bungweli pa 1 March 1961, nalipereka m'manja mwa mlamu wake, Sargent Shriver. Magulu oyamba adanyamuka mu August chaka chomwecho kupita ku Ghana ndi ku Tanganyika (lero ndi mbali ya Tanzania), ndipo pofika 1966 anthu opitirira 15,000 adali akugwira ntchito m'maiko osiyanasiyana nthawi imodzi, chiwerengero chimene sichidafikidwenso mpaka lero.

Kennedy sadali woyamba kuganiza zotumiza achinyamata kunja. Ophunzira a ku Australia adayamba kupita ku Indonesia mu 1951, ndipo ku Britain Alec ndi Mora Dickson adayambitsa VSO mu 1958, bungwe lotumiza mavolontiya kunja, loima palokha ngakhale kuti kwa zaka zambiri lakhala likudalira thandizo la boma la Britain. Chachilendo chimene America idachita ndi kusandutsa ntchitoyi kukhala ya boma, ndipo maiko ena adatengera pomwepo: West Germany ndi Norway mu 1963, Japan mu 1965, kenaka United Nations idakhazikitsa nthambi yake ya mavolontiya mu 1970.

Tsopano ndifike pa funso lanu la akazitape, chifukwa anthu a m'mudzi mwanuwo sakufunsa zopusa ayi. Mabungwe amenewa adabadwa nthawi imene America ndi Soviet Union ankalimbirana mitima ya maiko amene adangolandira kumene ufulu, ndipo m'chaka cha 1960 chokha maiko 17 a mu Africa adayamba kudzilamulira. Boma silitulutsa ndalama popanda chimene likuyang'ana. Lamulo la Peace Corps limatchula zolinga zitatu: kuthandiza maiko amene apempha anthu aluso, kuthandiza anthu a maikowo kumvetsa Amereka, ndi kuthandiza Amereka kumvetsa anthu a mitundu ina. Mukaona bwino, ziwiri mwa zitatuzi zikunena za ubale ndi mbiri ya dziko lotumizalo, ndipo zimenezi sadazibise. Koma kufuna kutchuka ndi ukazitape ndi zinthu ziwiri zosiyana. Shriver adadziwa kuti mphekesera yotereyi ikhoza kupha ntchito yonse, nkuona mpaka lero munthu amene adagwirapo ntchito ku CIA, bungwe la akazitape la America, saloledwa kukhala volontiya wa Peace Corps. Kukayikirana kudalipobe, moti dziko la Bolivia lidathamangitsa a Peace Corps mu 1971. Kwa ine, mtsikana amene tsiku lonse ali ndi choko m'manja ndipo madzulo akulimbana ndi mbaula ndimamuona ngati mphunzitsi basi, ngakhale ndikudziwa kuti boma limene lidamutuma limapindula ndi dzina labwino limene iyeyo akulipanga.

Kuno kwathu a Peace Corps adafika mu 1963, dziko likadali Nyasaland, ufulu wa pa 6 July 1964 usadabwere. Nthawi imeneyo sukulu za sekondale zidali zowerengeka, Amalawi a digiri adali ochepa kwambiri, ndipo University of Malawi idadzatsegulidwa mu 1965, choncho alendowa adadzaza mipata yeniyeni m'makalasi. Ubalewo sudayende bwino nthawi zonse. Nduna zitasemphana ndi Kamuzu Banda mu September 1964, mmodzi wa aphunzitsiwa, Paul Theroux, adapitikitsidwa m'dziko muno mu 1965 chifukwa chothandiza anthu amene boma linkawaona ngati oukira. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1960 boma lidaipidwa ndi khalidwe la ena mwa iwo, ntchitoyo idaduka, ndipo idadzayambiranso mokhazikika mu 1978. Komabe akuluakulu ambiri amakumbukira nyimbo ya Ufa wa Mtedza imene inkamveka pa wailesi masiku amenewo, yolimbikitsa amayi kuthira nsinjiro m'phala la ana, ndipo adaipeka ndi volontiya wa zaumoyo, Jack Allison. Ku Zambia a Peace Corps adayamba mochedwa, mu 1994.

A ku Japan, amene ambiri timangowatcha a JICA potengera dzina la bungwe la boma lawo limene limawatumiza, adayamba kubwera ku Malawi mu 1971, ndipo chimene anthu ambiri sadziwa ndi chakuti mukawerengera onse kuyambira pachiyambi, Malawi ndi limodzi mwa maiko amene alandira mavolontiya a ku Japan ochuluka kwambiri pa dziko lonse lapansi. Mnyamata amene ndidagwira naye ntchito ankaphunzitsa sayansi pa sukulu yathu yopanda labotale. Tsiku lina adabwera ndi masamba a kabichi wofiirira amene adawawiritsa kunyumba kwake, nathira madzi akewo m'mabotolo atatu odulidwa pakati. M'botolo loyamba adafinyiramo ndimu, madziwo nasanduka ofiira. M'lachiwiri adathiramo chidulo chimene adapempha kwa mayi wophika pasukulupo, madziwo nasanduka obiriwira. Lachitatu adalisiya momwemo. Ana a fomu 2 amene adakhala akuloweza za asidi pamtima osamvetsa adaimirira onse kudzaunjirira tebulo. Chingerezi chake chidali chovuta kumva, Chichewa chake chidali chothyokathyoka, koma ine ndidakhala kumbuyo kwa kalasi ndi kope langa, ndipo phunziro limenelo ndidaliphunzitsa chimodzimodzi zaka zonse zimene zidatsatira.

Winayo, wa ku America, adali wakhama kwambiri, ndipo adapempha mabuku kwa abale ake mpaka tidatsegula kalaibulale m'chipinda chimodzi. Cholakwa chidali chathu ndi chake pamodzi: iye ankachita zonse yekha chifukwa adali wachangu, ife tinkangoonerera chifukwa tinkati ndi za mzungu. Atapita, kiyi adakhala m'kabati ya ofesi, panalibe amene ankadziwa kaundula wa mabukuwo, ndipo patapita zaka ziwiri chiswe chidayamba kudya mashelefu. Zimandipwetekabe mtima ndikakumbukira. Akuluakulu adati mlendo amadza ndi kalumo kakuthwa, komanso adati mlendo ndi mame, ndipo pa nkhani ya mavolontiya miyambi yonse iwiriyi ndidaiona ikuchitika pasukulu imodzi.

Za malipiro, mlendo wanuyo salandira malipiro monga a ntchito ya kwawo, ndipo sukulu yanu simulipira. Boma lake limalipira ndege, chithandizo cha kuchipatala, ndi alawansi ya mwezi ndi mwezi yoti azikhala mofanana ndi anthu a kumene ali, ndipo akamaliza amapatsidwa ndalama ina yokayambira moyo kwawo. Mbali yathu kawirikawiri imakhala kupereka nyumba ndi munthu wogwira naye ntchito. Amakhala miyezi 27, itatu yoyamba ya maphunziro a chinenero ndi chikhalidwe akukhala pabanja la Amalawi, kenaka zaka ziwiri pamalo ake a ntchito. Sabweranso mongodzigwera, chifukwa pamakhala mgwirizano wa maboma awiri, ndipo sukuluyo iyenera kuti idavomera kudzera ku Unduna wa Zamaphunziro.

Chimene ine sindibisa ndi chakuti amene amapindula mosalephera ndi volontiyayo, pakuti amabwerera kwawo ali ndi chinenero chatsopano, luso, ndi mbiri imene imamutsegulira makomo a ntchito, pamene phindu lathu limadalira ngati pali wina amene watolapo kanthu. Zimandivutanso kuona aphunzitsi athu ophunzitsidwa bwino akukhala pakhomo kudikira kulembedwa ntchito, zimene sizidali choncho mu 1963, ndipo ndikuganiza kuti masiku ano tiyenera kupempha alendo a luso limene tilibedi. Msewu uwu suyenera kukhala wa mbali imodzi mpaka kalekale. South Korea inkalandira a Peace Corps kuyambira 1966 mpaka 1981, ndipo mu 1990 idayamba kutumiza achinyamata ake kunja. Nigeria idakhazikitsa Technical Aid Corps mu 1987, yotumiza madokotala, anamwino ndi aphunzitsi ku maiko ena a mu Africa, Caribbean ndi Pacific. Norway nayo idasintha ndondomeko yake kuti anthu azisinthana mbali zonse ziwiri.

Poti mwati muli mu komiti ya makolo ndi aphunzitsi, pa msonkhano ukubwerawu mufunse a hedimasitala kuti ndi mphunzitsi uti wa Chimalawi amene akulowa naye m'kalasi mlendoyo, ndi ntchito iti imene sukulu idapempha kuti adzagwire, ndipo chilichonse chimene ayambitse, kaya ndi laibulale, dimba kapena kalabu ya atsikana, dzina la mwini wake wa pamalopo lilembedwe mwezi womwe uno, kiyi akhale awiri.