Yankho kwa amalume: kasitima ka Hoga kanathera kuti?

Amalume, ndamva funso lomwe mwafunsa pagulu pano, lakuti kasitima kokankha ndi kukoka sitima zikuluzikulu padoko, komwe kanali ku Pearl Harbor, doko la sitima zankhondo za America ku Hawaii, tsiku lomwe ndege za Japan zinaphulitsa malowo, kanathera kuti. Ndati ndikuyankheni ndi mawu chifukwa nkhaniyi ndi yotalikirapo. Dzina lake ndi Hoga, nambala yake ndi YT-146, ndipo kakadalipo mpaka lero.

Kanapangidwa ku Morris Heights mumzinda wa New York, kanatsitsidwira m'madzi pa 31 Disembala 1940, ndipo kanayamba ntchito m'gulu lankhondo lapamadzi la America mu Meyi 1941. M'litali mwake ndi pafupifupi mamita 30 okha. Ntchito yake sinali yomenya nkhondo ayi, koma yothandiza sitima zolemera kulowa ndi kutuluka padoko, popeza izo sizitha kukhota zokha pamalo opanikiza, komanso kanali ndi mapampu amphamvu opopera madzi ozimitsira moto.

M'mawa wa Lamulungu pa 7 Disembala 1941, mabomba atayamba kugwa, amalinyero ake sanadikire kuti zinthu zizizire. Anakokera kutali sitima yokonzera zinzake ya Vestal, yomwe inamangidwa pambali pa sitima yankhondo yaikulu ya Arizona pamene iyo inali kuyaka, ndipo anathandizanso sitima ina ya Oglala, yomwe inali kulowa madzi. Komatu chimene ine ndimachiona chachikulu ndi nkhani ya Nevada. Pa sitima zankhondo zikuluzikulu zonse, Nevada yokha ndiyo inatha kunyamuka m'mawa umenewo, ndipo oyendetsa ndege za Japan ataiona ikulowera kukhomo la dokolo anaiunjikira mabomba. Pearl Harbor ili ndi njira imodzi yopapatiza yotulukira kunyanja, choncho Nevada ikanamira pakati pa njirayo, sitima zonse zotsala zikanatsekeredwa m'kati kwa nthawi yaitali. Nevada inakatsamira pamchenga ku Hospital Point, koma pamenepo sinakhazikike bwino, ndiye Hoga ndi kasitima kanzake anaikankha n'kuiwolotsera ku Waipio Point, uku akuithira madzi kuti moto usapitirire. Njirayo inakhala yotsegula.

Zitatero, Hoga kanabwerera kukalimbana ndi moto pa sitima za Maryland, Tennessee ndi Arizona, ndipo kanagwira ntchitoyo kwa maola 72, pamadzi omwe pamwamba pake mafuta anali kuyaka. Mu Febuluwale 1942, mkulu wa asilikali apamadzi Chester Nimitz anayamikira woyendetsa kasitimaka, Joseph McManus, pamodzi ndi anthu ake. Kunena zoona, amalume, zimandikhudza kuti nkhani ya tsikuli ikamakambidwa, anthu ochepa awa satchulidwa kawirikawiri.

Nkhondo itatha, mu 1948, boma linabwereketsa Hoga ku doko la Oakland m'chigawo cha California kuti kakhale kozimitsa moto, ndipo kumeneko kanagwira ntchito kwa zaka zoposa 40, poyamba ndi dzina lakuti Port of Oakland, kenako City of Oakland. Chaka chomwecho cha 1948, Nevada ija, itagwiritsidwa kale ntchito poyesera mabomba a atomiki pazilumba za Bikini m'nyanja ya Pacific mu 1946, inamizidwa dala m'nyanja kufupi ndi Hawaii. Ndimakhulupirira kuti chomwe chinapulumutsa Hoga kwa ophwasula zitsulo ndi chakuti kanapeza ntchito ina yoti anthu azikasamalira tsiku ndi tsiku.

Mu 1989 boma la America linakaika m'kaundula wa zinthu zofunika m'mbiri ya dzikolo. Mu 1994 kanabwezedwa kwa asilikali apamadzi, n'kukaimikidwa ku Suisun Bay, ku California konko, pakati pa sitima zopuma ntchito, komwe kanakhala zaka zambiri kakuchita dzimbiri. Mzinda wa North Little Rock ku Arkansas unapatsidwa kasitimaka mu 2005, koma kupeza ndalama zokakonzera ndi kukasamutsa kunatenga zaka 10, mpaka kanafika mu Novembala 2015. Lero kali pamtsinje wa Arkansas, pamalo osungirako zakale a Arkansas Inland Maritime Museum, moyandikana ndi sitima yoyenda pansi pamadzi ya Razorback, yomwe inali ku Tokyo Bay pamene dziko la Japan linasainira kugonja mu Seputembala 1945.