Za tuwa ya akachisi ku Bangkok ija, gulani gaidi osati minibasi

Achemwali, mwati mukupita ku Bangkok ndi mayi anu, tsiku lopanda zochita ndi limodzi lokha, ndiye mwaona pakeji yoti adzakutengeni ku hotelo m'mawa pa minibasi, akuonetseni nyumba yachifumu ya Grand Palace ndi akachisi anayi, nkhomaliro pomwepo, madzulo akubwezeni, ndipo mukufuna kudziwa ngati ndalamazo zikuyenera kapena mungoyenda nokha. Ndaona ena akuyankhani kuti tengani basi simudzavutika, ena akuti osataya ndalama foni ikuuzani zonse. Ine ndikuti onsewa akuphonya penapake. Pa pakeji ngati imeneyi mukulipira zinthu ziwiri zosiyana, galimoto ndi pakamwa pa gaidi. Galimotoyo simukuifuna kwenikweni. Gaidiyo nde mukumufuna zedi, koma kwa m'mawa wokha, osati kuyambira dzuwa kutuluka mpaka kulowa.

Tsegulani mapu muone nokha. Grand Palace ndi kachisi wa Wat Pho ndi oyandikana, kuchoka pageti la uku kukafika pageti la uko ndi kuyenda mphindi 10 kapena 15 mosathamanga. Kachisi wina, Wat Arun, ali kutsidya kwa mtsinje wa Chao Phraya moyang'anizana ndi Wat Pho, mumatsikira padoko la Tha Tien n'kukwera kaboti kowolotsa, mtengo wake ndi timakobidi chabe ndipo musanakhazikike n'komwe pampando mwafika kale. Malo atatu akuluakulu amene anthu amathamangira ali pamodzimodzi. Nanga minibasi ija ntchito yake ndi chani? Kuzungulira mahotela kutola anzanu. Inu akutengani 7 koloko koma pageti mukafika 9 itadutsa, chifukwa jamu ya ku Bangkok si yamasewera ndipo nthawi zonse pamakhala banja limodzi lomwe likadali kudya kadzutsa pamene galimoto yonse ikudikira panja. Geti la Grand Palace limatsegulidwa 8:30, ndipo ola loyambalo ndi limene kumakhala kozizirako komanso mabasi akuluakulu asanakhuthule anthu. Kuluza ola limenelo muli pampando wa minibasi n'kuluza chinthu chabwino kwambiri pa tsiku lonselo.

Kufikako nokha si kovuta ayi. Sitima yapansi ya MRT ili ndi siteshoni ya Sanam Chai, anaitsegula mu 2019, ili pafupi ndi Wat Pho. Kapena mukwere sitima yam'mwamba ya BTS mpaka Saphan Taksin mutsikire kumtsinje mukwere boti la mbendera ya olenji mpaka Tha Chang, mwafika pa Grand Palace penipeni. Ndi mayi mwina takisi yoitanitsa pa foni ya Grab basi, mulawirire jamu isanagwire.

Tsopano za gaidi, apa nde ndikutsutsana ndi aja akuti foni ikukwanirani. Mukalowa nokha mu Wat Phra Kaew, kachisi amene ali mkati mwa mpanda wa Grand Palace, maso amangothobwa ndi golide ndi timagalasi tonyezimira, mujambula zithunzi mazana awiri n'kutuluka osadziwa chimene mwaona. Ndaonapo anthu akutuluka m'chipinda cha Emerald Buddha akufunsana kuti ndi kameneka basi? Eya ndi kameneko, kachiboliboli ka masentimita 66 okha, kamwala wobiriwira, kali pamwamba kutali ndipo mkatimo saloleza kujambula. Koma munthu wodziwa akaima pambali panu n'kukuuzani kuti kachiboliboli kameneka kanakhala zaka zoposa 200 ku Laos, kanachoka ku Vientiane mu 1779 ndi mkulu wa asilikali yemwe pambuyo pake anakhala mfumu Rama I, yemweyo amene anasamutsa likulu kuchoka ku Thonburi kubwera tsidya lino mu 1782 n'kuyamba kumanga nyumba yachifumu yonseyi, ndipo mpaka lero mfumu kapena woimira mfumu amakasintha zovala zagolide katatu pachaka, za nyengo yotentha, yamvula ndi yozizira, mumayamba kumvetsa chifukwa chake anthu a ku Thailand agwada chete pansipo. Komanso khoma lozungulira bwalo lonse lili ndi zojambula zigawo 178 za nthano ya Ramakien, imene ndi Ramayana ya ku India monga amaifotokozera a ku Thailand. Popanda wokulozerani kuti nyani woyerayu ndi Hanuman ndipo chiwanda cha mitu yambirichi ndi chimene chinaba mkazi wa mfumu, mumangodutsapo pofuna mthunzi. Pali ngakhale kachifaniziro ka Angkor Wat ya ku Cambodia kamene Rama IV analamula kuti kamangidwe pompo, ambiri amakadutsa osakaona.

Wat Pho chimodzimodzi, mwinanso kuposa. Aliyense amathamangira Buddha wogona uja, wautali mamita 46 ndipo msinkhu 15, wa nthawi ya Rama III cha mu 1832, amajambula mutu, amajambula mapazi, amatuluka. Koma kuphazi kuja kuli zizindikiro 108 zopangidwa ndi zigoba zonyezimira za m'nyanja, ndipo phokoso la ngwee ngwee limene mumamva kuseri kwa chibolibolicho ndi anthu akuponya timakobidi m'mbale 108 zamkuwa zondandalikidwa m'mbali mwa khoma, mayi anu akakonda zimenezo ndikukuuzani. Kunja kuli zipilala zinayi zazikulu zokumbukira mafumu anayi oyamba a banja lachifumu lilipoli, ndipo m'makoma muli miyala yolembedwa za mankhwala ndi za kusisita thupi imene UNESCO inaiika m'kaundula wake mu 2011. Sukulu yotchuka ya masaji ili pomwepo, mutha kulipira akusisiteni mapazi theka la ola. A pakeji ya gulu amakupatsani mwina mphindi 40 pamalo onsewa, akukukusani ngati nkhuku zolowa m'khola, gaidi ali kutsogolo ndi kambendera inu muli kumbuyo simukumva n'chimodzi chomwe chifukwa mukudikira mayi avale nsapato.

Wat Arun gaidi safunika kwambiri, ndi malo ongoona ndi maso. Nsanja yake anaikongoletsa ndi tizidutswa ta mbale za ku China, muyandikire muone maluwa opangidwa ndi mbale zosweka, ndipo mukapeza kobidi yakale ya 10 baht, ndalama yakumeneko, itembenuzeni, ndi kachisi yemweyo. Masitepe ake ndi oimirira moopsa, mayi asakwere, akhale pansi pamthunzi. Ndipo kukongola kwake kwenikweni kumaoneka dzuwa likamalowa mutakhala tsidya la Wat Pho, nthawi imene a minibasi amakhala ali pa jamu kubwerera ku mahotela.

Akachisi ena awiri owonjezera aja kawirikawiri amakhala Wat Traimit ndi Wat Benchamabophit. Sindikuwanyoza. Wat Traimit ali ndi Buddha wagolide wolemera matani 5.5 amene anakhala zaka zambirimbiri atamatidwa pulasitala anthu osadziwa za mkati mwake, mpaka mu 1955 pomusamutsa zingwe zinaduka anagwa pulasitala n'kusweka golide n'kuonekera, nkhani yokoma kwabasi. Winayo anamangidwa ndi miyala ya mabo yochokera ku Italy nthawi ya Rama V. Koma kunena zoona kachisi wachinayi pa tsiku limodzi mutu sulandiranso kanthu, zonse zimangokhala golide golide, mapazi akuwawa, malaya anyowa, chimene mukufuna ndi madzi ozizira ndi mpando. Mapakeji amachulukitsa mayina pa pepala chifukwa munthu akamasankha pa intaneti amawerenga kuti uyu malo 6 uyu malo 3, nde amaganiza kuti wa 6 ndi wotchipa. Ngati Wat Traimit mukumufuna, ali pafupi ndi siteshoni ya Hua Lamphong kumayambiriro kwa Chinatown, mutha kudzadutsako tsiku lina mukapeza theka la ola pakati pa zochita zanu.

Chinanso chimene sanalembe pa pepala lija, kapena analemba ndi tizilembo tating'ono, ndi shopu. Pakeji ikatchipa modabwitsa dziwani kuti kwinakwake mukaima pa malo ogulitsa miyala yamtengo wapatali kapena kwa atelala osoka masuti, chifukwa kumeneko nkumene kampani ndi dalaivala amapezera komishoni. Sakukakamizani kugula, koma mphindi 45 zanu zapita muli kuzungulira mashelefu a mphete. Nde musanalipire alembereni muwafunse mwachindunji ngati pali poima pogula zinthu, yankho likakhala lozungulira mwadziwa kale. Afunseninso ngati tikiti ya Grand Palace ili mkati mwa mtengowo, chifukwa ya alendo ndi 500 baht munthu mmodzi ndipo ena amaichotsa dala kuti mtengo uoneke wochepa, inu awiri nde 1,000 baht yotuluka m'thumba pageti. Funsani kuti m'gulu mudzakhala angati, anthu 8 ndi anthu 35 si ulendo umodzi. Ndipo funsani ngati gaidi amalowa nanu mkati kapena amangokutulani pageti n'kukuuzani kuti tikumane pano 11 koloko, chifukwa zimenezonso zilipo ndipo apo nde mwagula minibasi yokhayokha. Ku Thailand ntchito ya ugaidi lamulo linaisungira nzika zokha ndipo ovomerezeka amavala khadi la layisensi pakhosi, kupempha kuliona si mwano.

Kaya mupita ndi gulu kaya nokha, za zovala musazitenge mopepuka. Pa Grand Palace amabweza anthu ndithu, mapewa ndi mawondo zibisike, osavala kabudula, malaya opanda manja, thalauzi yong'ambika dala kapena yothina ngati zamajimu zija. Nsapato zikhale zosavuta kuvula chifukwa muzivula pakhomo lililonse lopatulika, ndipo masokosi amathandiza, matailosi akunja amaotcha masana. Mukakhala pansi m'kachisi mapazi asaloze kwa Buddha, pindirani miyendo kumbuyo. Inu ndi mayi musakhudze amonke kapena kuwapatsa chinthu m'manja, azimayi saloledwa. Za banja lachifumu musaseleule ngakhale mocheza ndi gaidi, lamulo lawo pa nkhani imeneyi ndi lolimba, mpaka zaka 15 m'ndende.

Mukasankha kuyenda nokha pali msampha umodzi wotchuka. Mukuyandikira mpanda, bambo wovala bwino, waulemu, Chingelezi chosalala, akuuzani kuti lero Grand Palace yatsekedwa kuli mwambo wachifumu, itsegulidwa masana, koma pakadali pano tuk-tuk iyi ikuonetsani akachisi ena pa kandalama kochepa. Bodza limenelo, mathero ake ndi kushopu ya miyala kuja. Inde nthawi zina amatsekadi pakakhala miyambo yeniyeni, koma zimenezo amalengeza pa webusaiti yawo ndipo mudzazimva pageti penipeni kwa a yunifomu, osati kwa munthu wapamsewu. Mumangomwetulira n'kupitiriza. Nambala ya apolisi oona za alendo ndi 1155, isungeni mufoni. Apa ndivomereze kuti gulu lili ndi ubwino wake, anthu amenewa sayandikira munthu amene ali ndi gaidi.

Pali nthawi zina pamene ndingakuuzeni kuti lipirani galimoto mosanyinyirika. Mukanati mukufuna Ayutthaya, likulu lakale lija limene linawonongedwa ndi asilikali a ku Burma mu 1767, pamtunda wa makilomita pafupifupi 80 kumpoto, mabwinja ake ali motalikirana ndipo galimoto ndi yofunikadi. Kapena ngati mayi mawondo amavuta moti mphindi 15 padzuwa ndi chintchito, apo tengani galimoto yanuyanu ndi gaidi wanu, idula kuposa ya gulu koma mayi akati ndatopa mumaima, palibe anthu 20 okuyang'anani ndi diso.

Ndikanakhala inu ndikanabuka gaidi wa theka la tsiku, wathuwathu kapena wa kagulu kochepa, woti tikumane pageti la Grand Palace 8:15. Mkati maola awiri, kenako pang'onopang'ono ku Wat Pho, gaidi atsanzike cha m'ma 12 koloko, mudye pafupi ndi Tha Tien pamalo pozizira, mayi awasisite mapazi, dzuwa likapepa muwoloke kukaona Wat Arun n'kubwerera tsidya lino lisanalowe. Matikiti a Grand Palace amasiya kugulitsa 3:30 masana nde musaisiye kumapeto. Tandiuzani mukupita mwezi wanji ndipo hotelo yanu ili dera liti, chifukwa ngati ndi Epulo kutentha kwake ndi kwina ndipo pa 13 mpaka 15 kumakhala chikondwerero cha Songkran anthu akuthirana madzi m'misewu, pamene kuyambira cha mu Juni mpaka Okutobala mvula imakonda kugwa masana kapena madzulo, nde pulaniyi tingaisinthe pang'ono.