Mwana Wanu Akufuna Kulemba Mafilimu a Ana Kuchokera ku Nthano

Mayi wina wandilembera kuti mwana wake wamkazi, yemwe akumaliza sekondale, akufuna kudzalemba mafilimu ndi mapulogalamu a ana a pa wailesi ya kanema ochokera ku nthano, ndipo akufunsa zomwe mwanayo aphunzire komanso ngati ntchitoyi imadyetsa munthu.

Mayi, musamugwetse mphwayi. Maphunziro a zolembalemba, zisudzo kapena kapangidwe ka mafilimu adzamuthandiza, koma opanga mafilimu amayamba afunsa zomwe munthu walemba asanafunse za digiri yake, choncho ayambe kulemba tsopano. Tsamba limodzi la sewero lolembedwa mwa dongosolo lake limatenga pafupifupi mphindi imodzi pa kanema, ndipo gawo limodzi la makatuni ambiri a ana limakhala la mphindi 11 kapena 22, kotero masamba 11 omalizidwa bwino ndi chiyambi chokwanira.

Ntchito yaikulu ili pa kusandutsa mawu a nthano kukhala zooneka ndi maso. Wokamba nthano amangonena kuti Kalulu anali wochenjera ndipo omvera amavomereza, koma pa kanema mwana ayenera kumuona Kalulu atakodwa mu msampha, akusinkhasinkha, kenaka n'kudzipulumutsa yekha. Nkhani za m'maiko a matsenga nazonso zimafuna malamulo ake: ngati mphete ya matsenga ikhoza kuthetsa vuto lililonse, woonera sadera nkhawa, choncho wolemba aiikire malire mphamvuyo ndipo asawaphwanye pakati pa nkhani. Aganizirenso msinkhu wa oonera, pakuti chilombo chomwe chimasangalatsa wa zaka 10 chikhoza kumusowetsa tulo wa zaka 4, ndipo ndimaona kuti ongoyamba kumene ambiri amapunthwa pamenepa.

Adziwenso malamulo a umwini wa zolemba. Nthano ya Snow White, yomwe abale awiri a Grimm anaisindikiza mu 1812, aliyense akhoza kuilembanso, koma zithunzi ndi nyimbo za mu filimu ya nthanoyi yomwe kampani ya Disney inapanga mu 1937 zili ndi eni ake. M'maiko omwe ali mu pangano la Berne loteteza umwini wa zolemba, buku limatetezedwa kwa zaka zosachepera 50 mlembi wake atamwalira.

Pa za ndalama ndisakubisireni kanthu: olemba ambiri amalipidwa pa gawo lililonse lomwe alemba, ndipo ntchito imabwera mwa apo ndi apo. Ndi bwino akhale ndi luso lina loyandikana nalo, monga uphunzitsi kapena kulemba masewero a pa wailesi, lomwe lizimupatsa malipiro pamene akudikira kuti sewero lake loyamba ligulidwe.