Kwa mchemwali wofuna kugwira kamera

Mchemwali wina wandilembera imelo kuti akufuna ntchito yojambula mafilimu koma amayi ake akuti ntchitoyo siikhalitsa, ndiye ndimuuze zoona. Funso limeneli landifika pamtima, usiku tulo sindinatione bwino.

Maganizo anga anathamangira kwa Halyna Hutchins. Mayi wa ku Ukraine, anayamba ndi utolankhani, kenako anakamaliza maphunziro a kamera ku American Film Institute mu 2015. Mu 2019 magazini ya American Cinematographer inamutchula pakati pa ojambula amene akubwera bwino. Pa 21 October 2021 akujambula filimu ya Rust ku New Mexico ku America, mfuti imene Alec Baldwin, wochita sewero mufilimuyo, anagwira inalira muli chipolopolo chenicheni, mayiyo anamwalira ali ndi zaka 42. Zaka 6 zokha chimalizireni sukulu! Ndipo tsiku lomwelo anzake ena a kamera anali atanyanyala ntchito podandaula za malipiro, malo ogona komanso chitetezo.

Zimandiwawa chifukwa inenso zinandigwerapo, ngakhale zanga zinali zochepa. Tikujambula vidiyo ya nyimbo bwana anati ndiime kumbuyo kwa pikiapu ikuthamanga mumsewu wafumbi, opanda lamba opanda pogwira, ine nkuvomera poti ndimaopa kuti ndikakana anena kuti ndine wamwano sadzandiitananso, ndiye galimoto itagunda bampu ndinapezeka pansi, kamera yobwereka itasweka. Ndinalipira ndekha. Bwanayo ngakhale kuchipatala sanabwere, ndipo msanawu ikafika June umandivutabe.

Anthu sadziwa kuti wojambula diso lake limakhala mukamera, zimene zikubwera kumbali sazionanso, moyo wake uli mmanja mwa anzake. Nchifukwa chake ndimakwiya ndikamva munthu akuti tiyeni tijambule msanga dzuwa likulowa. Lilowe! Mawa lituluka. Sarah Jones, wothandizira pa kamera, anagundidwa ndi sitima pamlatho ku Georgia ku America mu 2014 ali ndi zaka 27, akuluakulu a filimu imene ankajambulayo analibe ngakhale chilolezo chojambula panjanjipo. Amayi ako sakulakwa kudera nkhawa, koma ndikukanitsitsa kuti vuto ndi kamera.

Nanga upange bwanji?

Yamba, mchemwali. Pita ukathandize wojambula wamkulu, unyamule mabatire, uphunzire magetsi ndi saundi, komanso editing, kudula ndi kulumikiza vidiyo pakompyuta, kuti tsiku lomwe thupi lakana uzidyabe. Za ndalama ndi za kamera ikawonongeka mulemberane ngakhale pa WhatsApp musananyamuke. Amayiwo ukawaonetse kavidiyo kako koyamba, kenako undilembere zimene anena.