Ana akudzikanda pochokera kunyanja: mapiritsi a likodzo ayambe adikira

Achemwali, pepani ndi kuchezera usiku. Ndawerenga zomwe mwalemba: Loweruka munali ku Cape Maclear ndi banja lonse, ana awiri aang'ono anatandala m'madzi a m'mphepete kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka, madzulo omwewo anayamba kudzikanda, ndipo pofika Lamulungu miyendo ndi mikono inali itadzaza tizidzolo tofiira ngati alumidwa ndi udzudzu. Mukufunsa ngati atenga mphere kumalo komwe munagona, komanso ngati muwagulire mapiritsi a likodzo mawa monga ena akulangizirani. Ine ndinakulira ku Nkhotakota, ndipo pa nkhani yomweyi ndinalakwitsapo pa mwana wanga, choncho mundilole ndilembe motalikirapo.

Mphere ndikuikayikira kwambiri. Munthu akaitenga koyamba pamapita mwezi kapena kuposerapo asanayambe kuyabwa, ndipo imakonda m'mipata ya zala, m'zigongono ndi m'chiuno. Siingaphuke tsiku lomwelo. Zikanakhala nsikidzi, mwina bwenzi inu ndi mwana wanu wamkulu mukudzikandanso, poti munagona chipinda chimodzi. Tawavulani anawo muone: ngati tizidzoloto tachuluka pamene madzi amakhudza khungu mwachindunji, koma m'kati mwa kabudula muli bwinobwino, ndiye kuti nkhani yachokera m'madzi.

Chimachitika ndi ichi. M'madzi osathamanga mumakhala nkhono zing'onozing'ono, ndipo m'thupi mwa zina mwa nkhonozo mumakulira ana a nyongolotsi. Dzuwa likakwera, tizilomboti timatuluka tambirimbiri n'kumasambira kufunafuna khungu loti tiboole. N'tochepa kwambiri, sitikwana ngakhale milimita imodzi, ndiye musadziimbe mlandu kuti simunatione. Tilipo ta magulu awiri. Tina mwini wake ndi mbalame za m'madzi monga abakha ndi atsekwe. Timeneti tikaboola munthu tasochera, timafera pakhungu pomwepo, thupi n'kulusa, ndiye kuyabwa ndi tizidzolo mukuonato. Pakatha sabata, mwina masabata awiri, zonse zimazilala zokha. Gulu lachiwiri ndi la likodzo lenileni. Timeneto mwini wake ndife anthu, ndipo sitifera pakhungu. Timalowa m'mitsempha ya magazi, n'kukakhwimira kuchiwindi, kenako n'kukakhazikika m'mitsempha yozungulira chikhodzodzo kapena matumbo, komwe nyongolotsi zimatha kukhala zaka zingapo zikuikira mazira.

Vuto lake n'lakuti pongoyang'ana khungu palibe angakuuzeni motsimikiza kuti laboola mwana wanu ndi gulu liti, ngakhale dokotala. Mukafufuza pa intaneti mupeza malangizo ambiri akuti musadandaule, zitha zokha. Onetsetsani kuti analembera ndani. Ambiri mwa malangizowo analembera anthu osambira m'nyanja za ku Michigan kapena ku Ulaya, komwe kuli tizilombo ta mbalame tokha, likodzo la anthu kulibe. Kwa iwo n'zoona. Ife a Nyanja ya Malawi sitingawatengere ndendende.

Tiyambe ndi za usiku uno, anawo agone. Wengani zikhadabo zawo, chifukwa chomwe chimaononga kwambiri ndi kukanda mpaka kutuluka magazi, chilonda n'kulowa dothi n'kuchita mafinya. Viikani kansalu m'madzi ozizira muziika poyabwapo. Asasambe madzi otentha kwambiri, amawonjezera kuyabwa. Ku famase funsani calamine, mankhwala opaka apinki aja, kapena kirimu wa hydrocortisone wa 1%, wopaka pang'ono kawiri patsiku kwa masiku ochepa. Ngati kuyabwa kukuwalanda tulo, Piriton amathandiza, koma nenani zaka za mwana aliyense kuti akupatseni mlingo wake, ndipo khanda losakwana chaka musalipatse. Ngati famase ili kutali, soda yemweyo wothira m'therere mum'sungunule ndi timadzi pang'ono akhale ngati phala, mupake. Zomwe ndawerenga wina akulangiza zopaka Jik kapena parafini, chonde ayi, muwotcha ana khungu. Ngakhale makirimu oyeretsa khungu a pamsika aja asayandikire. Tizidzoloti sitipatsirana, ndiye kusukulu apite, ndipo palibe chifukwa chowapatula pogona kapena kuwiritsa zofunda. Mukaona penapake patupa, pakutentha, pakutuluka mafinya, kapena mwana watentha thupi, musadikire, pitani kuchipatala.

Tsopano za mapiritsi. Mankhwala a likodzo, praziquantel, amapha nyongolotsi zokhwima. Zikadali zazing'ono, m'masabata oyambirira, sazigwira bwino. Kuwamwetsa ana mawa n'kuponya mwala mbalame isanatere. Akatswiri amalangiza kudikira masabata 6 mpaka 8 kuchokera tsiku lomaliza kulowa m'madzi. Apa ndi pomwe ine ndinagwa. Chaka china tikuchoka kunyanja ndinagula mapiritsiwa pakasitolo kena, wogulitsayo n'kundiuza kuti timwe madzulo omwewo, tikhala titatchinga. Tinamwadi, ine mtima m'malo. Patatha miyezi ngati inayi mnyamata wanga, ali ndi zaka 9 nthawi imeneyo, anabwera mwamanyazi kudzandinong'oneza kuti akamamaliza kukodza akumaona timadontho ta magazi. Anali atabisa pafupifupi sabata yathunthu. Kuchipatala anapeza mazira m'mikodzo. Ndalama ndinataya, koma chinandiwawa kwambiri n'chakuti mapiritsi aja anandigoneka tulo: ndinasiya kuyang'anira chifukwa ndinkati tathana nazo.

Ndiye tengani kalendala, chongani Loweruka lija, muwerenge masabata 8 kutsogolo, muchongenso. Pakati pa masiku awiriwa mukhale tcheru. Anthu ena, makamaka omwe sanakulire kunyanja ngati ana anu a mu Lilongwe, pakapita masabata 2 mpaka 8 amatentha thupi, kutsokomola kouma, kuphwanya m'thupi, kutuluka ziwengo, mwina kupweteka m'mimba. Zimafanana kwambiri ndi malungo, ndipo poti munali ku Mangochi malungowo ayezedwe kaye tsiku lomwelo. Koma akapanda kupezeka, musangolandira Panado n'kubwerera. Auzeni a dokotala ndi pakamwa panu kuti mwanayu anasamba m'nyanja pa tsiku lakutilakuti. Pamzere wautali dokotala safunsa zonse, mawu amenewo muwayambitse ndinu.

Pali china chosachitikachitika koma choti muchidziwe. Nthawi zina mazira amasochera n'kukafika mu mtsempha waukulu wa m'kati mwa fupa la msana kapena mu ubongo. Mu 1992 anthu awiri a ku America ogwira ntchito mongodzipereka ku Peace Corps anadwala motero, wina mu ubongo wina mu msana, ndipo onse anali atasambirapo ku Cape Maclear komweko. Nkhani yawo ndi yomwe inachititsa bungwe la zaumoyo la ku America la CDC kudzachita kafukufuku kuno, ndipo zotsatira zomwe zinasindikizidwa mu 1996 zinaonetsa kuti mwa alendo okhala m'dziko muno omwe anayezedwa magazi, pafupifupi mmodzi mwa atatu alionse anali atakumanapo ndi likodzo. Nthawi imeneyo anthu ambiri ankakhulupirira kuti nyanja yathu ilibe matendawa. Sindikunena izi kuti ndikuopsezeni. Kungoti mwana akadandaula msana, miyendo kufooka kapena kuchita dzanzi, kapena mikodzo kukanika kutuluka, limenelo ndi la chipatala chachikulu tsiku lomwelo, osati la mawa.

Tsiku la masabata 8 mwachonga lija likakwana, pitani nonse kukayezetsa. Mikodzo yoyenera ndi ya pakati pa 10 koloko m'mawa ndi 2 koloko masana, nthawi yomwe mazira amatuluka ambiri, ndipo m'kabotolomo mugweremo madontho omalizira. Pemphani kuti ayezenso chimbudzi. Kale tinkati m'nyanja muli likodzo la mikodzo lokha, koma cha mu 2017 ofufuza anapeza nkhono za mtundu wa Biomphalaria m'mphepete mwa nyanja ku Mangochi, zomwe zimafalitsa likodzo la m'matumbo, ndipo ana asukulu a m'deralo anapezeka nalo. Dziwaninso kuti mazira amatha kuchedwa kuoneka, makamaka a m'mikodzo omwe nthawi zina amatenga miyezi itatu, ndipo nyongolotsi zikakhala zochepa galasi loyezera la kuchipatala limatha kuwaphonya. Akakuuzani kuti sanapeze kanthu, kambiranani ndi dokotala. Ambiri akamva kuti ana anatandala m'madzi a ku Chembe ndipo anatuluka tizidzolo amapereka mankhwalawo ndithu, kapena amati mubwerenso mudzayezetse kachiwiri.

Mlingo wake umatengera kulemera kwa munthu: mamiligalamu 40 pa kilogalamu iliyonse, kumwa kamodzi. Piritsi limodzi ndi la mamiligalamu 600, ndiye mwana wolemera makilogalamu 30 amamwa awiri. N'chifukwa chake ayenera kukwera sikelo, osati kungoyerekeza ndi maso pa kauntala. Amwe atadya bwino, nsima kapena phala lokhuta, chifukwa mapiritsiwa ndi owawa zedi ndipo pamimba yopanda kanthu amachititsa chizungulire ndi nseru. Aja mumamva kuti ana akomoka kusukulu atamwa mankhwala a likodzo, kawirikawiri amakhala anapita osadya. M'zipatala za boma, akakhalapo, salipiritsa. Kwa mwana wosakwana zaka 5 kapena mayi woyembekezera, mlingo ndi nthawi yake anene ndi dokotala.

Kwathu tili anyamata ndi atsikana, mnyamata akayamba kukodza magazi akuluakulu ena ankangoseka, amvekere wakula ameneyu. M'kalasi mwathu anali ochuluka moti sitinkaona chachilendo. Pano ndi pomwe ndimadziwa kuti mazira omwe satuluka ndi mikodzo amatsakamira m'khoma la chikhodzodzo, chaka ndi chaka, mpaka kuumitsa njira za mikodzo, kuononga impso, ndipo ena mapeto ake ndi khansa ya chikhodzodzo. Mwana amakhalanso wochepa magazi, wotopatopa, m'kalasi n'kumangosinza, ife n'kumati ndi ulesi. Matendawa si atsopano ayi. Dokotala wa ku Germany, Theodor Bilharz, anaziona nyongolotsizi ku Cairo mu 1851, n'chifukwa chake pachingerezi amati bilharzia.

Wina wayankha kuti munalakwa malo, mukanasamba pamchenga woyera popanda bango. Zili ndi mbali yake: pabango, pa udzu wa m'madzi, pamalo pomwe anthu amachapa ndi kutsuka mbale, nkhono zimachulukadi. Koma nyanja yathu ili ndi nkhono yakeyake, Bulinus nyassanus, yomwe imakhala pamchenga weniweniwo, yodzikwirira pang'ono, ndipo nayonso imanyamula likodzo. Jay Stauffer, katswiri wa nsomba wa ku yunivesite ya Penn State yemwe wafufuza ku Cape Maclear kwa zaka zambiri, pamodzi ndi anzake anaonetsa kuti nsomba zodya nkhono zitachepa chifukwa cha makoka a m'mphepete, nkhonozo zinachuluka. Ine ndikaona masikito a udzudzu akukokedwa m'madzi osaya ndimakumbukira zimenezi. Choncho kuyera kwa mchenga kusakupusitseni.

Sindikuuzani kuti musadzapitenso kunyanja, inenso ndimapita, ndipo ana anga sungawaletse. Zomwe ndimachita n'zochepa. Ana aang'ono sindiwalola kukhala chikhalire m'timadzi tofunda ta m'mphepete dzuwa lili paliwombo, poti m'menemo ndi nthawi imeneyo ndi momwe tizilomboti timachuluka. Akuluakulu odziwa kusambira, kulowera pa boti pakuya, kutali ndi mudzi, kumachepetsa ngozi. Potuluka aliyense adzipukute mwamphamvu ndi thaulo msangamsanga. Zimathandizako pa kuyabwa kuja, koma musazidalire pa likodzo, tizilombo take sitichedwa kulowa. Dziwe la pahotela lothiridwa klorini bwino lilibe vuto. Chomwe anthu ambiri amaiwala ndi bafa: malo ena ogona amapopa madzi m'nyanja momwemo. Funsani ngati amawathira mankhwala kapena amayamba akhala m'thanki. Tizilomboti tikasowa munthu timafa pasanathe masiku awiri, ndiye madzi ogonera masiku awiri, kapena owiritsidwa n'kuzizira, ndi abwino kusamba. Ndipo muwauze anawo kuti m'nyanja sakodzeramo, chifukwa mazira amafika kwa nkhono kudzera njira imeneyo. Mudziwenso kuti awiri adzikandawa, ulendo wina akadzakumana ndi tizilombo ta mbalame tija, kuyabwa kumadzabwera msanga komanso mwamphamvu kuposa pano, ndiye calamine azikhala m'chikwama.

Mwati wamkuluyo sakuyabwa, ndiye mwamuchotsa pa mndandanda. Mubwezereni. Tizilombo ta likodzo la anthu nthawi zambiri timalowa mwakachetechete, popanda kachidzolo ngakhale kamodzi, ndiye amene sakudzikanda sikuti wapulumuka. Inunso achemwali, ngati munalowamo, mukayezetse. Kwa ife amayi mazira amatha kukhala m'njira ya chiberekero, n'kumayambitsa kupweteka m'chinena, chikazi chachilendo kapena kutaya timagazi, ndipo ambiri amapatsidwa mankhwala a matenda opatsirana pogonana kangapo konse pomwe vuto ndi likodzo, m'nyumba n'kubuka mikangano yopanda pake. Kwa abambo amatha kuoneka ngati magazi mu umuna. Ndiye alamu athuwo, omwe mwati anangoviika mapazi akuyang'anira ana, nawonso muwatengere kabotolo kawo.