Funsani Amalume: wolendewera pa mphete uja ndi ndani?

FUNSO: Amalume, ine ndili ku Ulongwe, ndimanyamula matumba a mbatatesi pamsika ndiye mphamvu ndili nazo ndithu. Dzana mnzanga anandionetsa kavidiyo pafoni, kamunthu kakafupi ka ku Brazil katalendewera pa mphete ziwiri, manja katatambasula ngati mtanda osagwedezeka olo pang'ono. Ndi ndani ameneyu? Nanga ine nditamanga zanga pamtengo kuseri kwa nyumba sizingatheke?

YANKHO: Mphwanga, mmene wafotokozeramu ameneyo ndi Arthur Zanetti basi, wa ku São Caetano do Sul, wobadwa mu 1990. Masewerawo ndi jiminasitiki ya pa mphete, pa Chipwitikizi amati argolas, ndipo chovuta chake sikulendewera ayi, olo nyani amalendewera, chovuta ndi choti zingwe za mphetezo zimafuna kugwedezeka nthawi zonse ndiye iwe uzigwire zikhale duu, ndipo mtanda wawonawo ukapanda kukhalapo masekondi awiri athunthu oweruza amakudula mapointi pompo. Mphetezo zimakhala pafupifupi mamita atatu kuchoka pansi.

Zanetti anatchuka ku Olimpiki ya London mu 2012. Aliyense ankati golide ndi wa Chen Yibing wa ku China yemwe anawina ku Beijing mu 2008, koma mnyamatayu anakwera womalizira n'kupeza 15.900, Chen 15.800. Kusiyana kwake kangachepe choncho koma kanakwana. Inali mendulo yoyamba ya Brazil pa jiminasitiki ku Olimpiki, dziko loti ukalitchula anthu amangoganiza mpira. Mu 2013 anawinanso mpikisano wa dziko lonse ku Antwerp, kenako kwawo ku Olimpiki ya Rio mu 2016 anatenga siliva, golide anapita kwa Petrounias wa ku Greece. Ku Olimpiki ya Tokyo zinamukanika, anagwa potsika pa fainolo. Ena amamunyoza nazo, ine ayi, munthu anayesa kudumpha kovuta chifukwa amafuna mendulo osati kungooneka bwino. M'buku la malamulo a masewerawa mulinso kachitidwe kena kotchedwa dzina lake, Zanetti, ndiye ana osabadwa azidzalitchulabe.

Tsopano za mtengo wakowo. Manga, palibe akuletsa, koma mtanda uja usauyese mwezi uno kapena chaka chino. Thumba la mbatatesi limalimbitsa msana ndi miyendo, pomwe mtanda umakoka misempha ya paphewa ndi pachigongono, ndipo imeneyo imakhwima mochedwa kuposa minofu, ikaduka ndi opaleshoni, nanga ganyu pamsika akugwirira ndani? Zanetti anayamba ali kamwana ka zaka 7. Iwe mangira mphete zako m'munsi moti mapazi azifika pansi, nthambi ikhale yaiwisi yonenepa, chingwe chisakhale chakutha chija chomangira katundu panjinga. Yamba ndi kungodzikweza manja ali chowongoka m'mbali mwa chiuno, uwerenge mpaka 10. Uona mmene uzinjenjemerera, ukatero undilemberenso.