Ukochi si kopumulira, achimwene

Achimwene, ndamva kuti sponsa wanu wachoka ndipo timu yanu ya mipikisano ya magalimoto ikufuna mukhale kochi. Musanavomere ukochi akukupatsaniwo, afunseni kaye kuti munthu amene mukamuphunzitseyo akakwera galimoto iti. Ngati ndi yanu yomwe ija, dziwani kuti mpando adagulitsa kale sponsa wanu asanachoke n'komwe. Ine mawu oti "khalabe nafe, ndiwe wa m'banja" ndinawamvapo, ndipo mpaka lero ndikawamva mtima umawira.

Zitandichitikira ine, a timu yanga sanandiimbire foni. Ndinafika ku galaja Lachisanu m'mawa, chipewa changa chili m'manja, ndikudziwa kuti ndikukayeserera. Ndinapeza mpando wanga, uja amaumba motsatira msana wako, uli panja pambali pa matayala otha. Dzina langa pagalasi atalimatula, kwatsala zomatira zokha. Makaniko amene tinkagona naye mu galaja tikusintha giyabokosi anali pansi pa galimoto akusendeza mapedulo kuti akwanire miyendo ya munthu wina, ndipo sanatulutse mutu. Mwini timu anabwera akumwetulira, n'kundikoleka mahedifoni m'khosi. Akuti bambo ake a mnyamata wotenga malo angayo alipira chaka chonse, iwe uzimulankhula pa wailesi. Pamaso pa anthu onse! Ndikanakana bwanji, ngongole ili pakhosi?

Mnyamatayo ndinamuuza, ndinabwereza, kuti matayala ozizira sagwira msewu, azungulire kaye modekha mpaka atenthe, mabuleki nawonso atenthe. Anangogwedeza mutu maso ali pa foni. Atangotuluka anaponda moto ngati akuthamangitsidwa. Ndikukuwa pa wailesi kuti chepetsa, chepetsa, iye zii. Pa kona yothamanga anachita mantha ali pakati, n'kuchotsa phazi mwadzidzidzi, kulemera konse kunathamangira kutsogolo, kumbuyo kunapepuka, galimoto inatembenuka n'kukamenya khoma chammbuyo. Iye anatuluka bwinobwino, tithokoze Mulungu. Koma galimoto imene ndinaisamala nyengo yathunthu inabwera itanyamulidwa, tayala likulendewera. Ndiye mwini timu uja, wopanda manyazi, anauza bambo ake kuti kochi sanamukonzekeretse mwanayu. Data inali pa kompyuta pomwepo ikuonetsa pamene phazi linachoka, iye sanafune n'kuyang'anako komwe, chifukwa wolipira salakwa. Malipiro anga a sabata imeneyo akuti analowa m'zokonzera. Munthu ameneyo ndikamuona kumipikisano amafuna kundipatsa moni. Ine ayi.

Musaganize kuti zimachitikira ife ang'onoang'ono okha. Davide Valsecchi anatenga chikho cha GP2, mpikisano umene unali pansi pa mpikisano waukulu wa Formula 1, mu 2012, n'kukhala dalaivala wodikirira ku timu ya Formula 1 ya Lotus mu 2013. Dalaivala wa timuyo Kimi Räikkönen atalephera kuyendetsa mipikisano iwiri yomaliza chifukwa cha opaleshoni ya msana, mpando anaupereka kwa Heikki Kovalainen, ndipo Valsecchi sanayendetsepo mpikisano wa Formula 1 ngakhale umodzi. Ngati katswiri wa GP2 anamudumpha, inu ndi ine ndi ndani?

Chimene sakuuzani n'chakuti kuthamanga ndi kuphunzitsa ndi maluso awiri osiyana. Thupi lako limadziwa pomasula buleki, koma ulifotokoze ndi pakamwa kwa munthu wamantha uone. Rob Wilson wa ku New Zealand kwa zaka zambiri ankaphunzitsira pa bwalo lakale la ndege la Bruntingthorpe ku England, m'galimoto wamba ya Vauxhall, ndipo anthu ngati Räikkönen ndi Valtteri Bottas anadutsa m'manja mwake. Samakuwa kuti thamanga. Amaphunzitsa mmene ungayambire kukhotetsa chiwongolero pang'onopang'ono kuti galimoto isadzidzimuke, mmene ungafupikitsire kona kuti uwongole msanga n'kuponda moto matayala onse atakhazikika. Tinthu ting'onoting'ono timene wotchi imaona koma maso saona. Amene amangoti "tsatira mzere wanga" si kochi, ndi dalaivala wosowa ntchito, ndipo alipo ambiri.

Za kukhala pampando wa pambali, chonde ganizani kawiri. Sean Edwards anali akutsogola mu mpikisano wa Porsche Supercup mu 2013, chaka chomwecho atapambana mpikisano wa maola 24 wa Nürburgring ku Germany. Anamwalira mu Okutobala ku Queensland Raceway ku Australia ali ndi zaka 26, atakhala pambali akuphunzitsa munthu. Kumeneko ulibe chiwongolero, ulibe buleki, uli ndi pakamwa basi. Masiku ano kamera ndi data zimakuonetsa pamene munthu anaponda, mphamvu imene anapondera, ndi pamene anamasula. Ngakhale, kunena zoona, pali zina zimene umazimva ndi msana wokha utakhala m'katimo, ndipo ine ndikaona kuti wophunzirayo ndi womvera ndimakwerabe.

Komabe ntchitoyo itengeni. Inde, ndanena zonsezi, koma itengeni. Mukachoka pabwalo anthu amakuiwalani msanga kwambiri, ndipo mipando yambiri imapezeka pocheza kuseri kwa galaja. FIA, bungwe loyang'anira mipikisano ya magalimoto padziko lonse, imaika madalaivala m'magulu a Platinum, Gold, Silver ndi Bronze, ndipo m'mipikisano yambiri ya magalimoto a mtundu wa GT3 malamulo amafuna kuti m'galimoto mukhale wa Bronze. Ameneyo nthawi zambiri ndi munthu wachikulire wandalama zake amene anayamba mochedwa, ndipo amafuna katswiri womuphunzitsa amenenso azisinthana naye chiwongolero. Anzanga angapo anabwerera m'galimoto kudzera njira imeneyo, akulipidwa m'malo molipira.

Kungoti zonse zilembedwe. Kontirakiti inene kuti galimoto ikawonongeka wolipira ndi ndani, inshulansi yanu ili kuti, ndipo ndalama ya tsikulo ilowe injini isanalire. Data muzisunga kope lanu. Makolo asalowe pokambirana mukatha kuyeserera, chifukwa mwana sanena kuti ndinachita mantha bambo ake ataima pomwepo. Ndipo ngati timu yanuyo ndi ija ya mwini wake wamtali wokonda kugwira anthu paphewa, mundipeze ku inbox tisanapitirire.